Jafeti Mulipa ndi Pepala Lokulungira Matemba

Masiku ano ndikatsegula wailesi ndimamva anthu a madigiri akukangana ngati dziko lapansi likupita patsogolo kapena ayi. Amakangana atakhala pa mipando yawofuwofu, akamaliza amapatsana moni n'kupita kwawo. Palibe ndi mmodzi yemwe amene anamvapo za Jafeti Mulipa, mphunzitsi wa Sitandade 7 amene anayankha funso lomwelo pamalo pamene yankho linali ndi mtengo wake. Ine ndinali hedimasitala wake pa sukulu ina kufupi ndi doko la Kachulu. Ena onse amene anaona zimenezi anamwalira, ndiye ndilemba ndine.

Jafeti anabadwira kwa Kuntumanji mu 1946. Agogo ake anachokera ku Mozambiki wapansi, bambo ake anali msodzi wa mono. Jafeti anali wamfupi, wa jekete imodzi, ndipo sankamwa mowa. Vuto lake linali mabuku. Ankachita maphunziro a pa kalata ndi koleji ina ya ku Mangalande, ndipo mwezi uliwonse ankapalasa njinga mpaka ku Zomba kukatenga envulopu. Phunziro limene analikonda linali la ubale wa pakati pa mayiko.

Tinkakangana nthawi ya buleki, motsitsa mawu. Ine ndinkati mayiko ali ngati asodzi pa nyanja yopanda woyang'anira: wa khoka lalikulu amakokolola zonse, wa mono n'kumangoyang'ana. Iye ankaseka n'kunena kuti alipo akatswiri oganiza ngati ine, anawawerenga, koma aliponso ena amene amati malonda, mapangano ndi malamulo zimaweta mayiko pang'onopang'ono.

"Ukapolo unatha, ahedi. Atsamunda anapita. Kumeneko si kuyenda?"

Ine ndinkangomulozera kutsidya kwa Chilwa. Chinali chaka cha 1987. Mphepo ikachokera kum'mawa tinkamva mfuti za ku Mozambiki, ndipo mabwato ankafika pa doko atadzaza amayi, ana ndi mapoto. Ena mwa iwo anali abale ake enieni.

Chaka chimenecho anapatsidwa funso loti alembepo: kodi n'zoona kuti mayiko amene anthu amasankha atsogoleri pakati pa zipani zingapo samenyana okhaokha? Munthu wanzeru akanalidumpha. Jafeti analemba masamba asanu ndi anayi. Anali wochenjera pang'ono, chifukwa pepala labwino analipatsira munthu wina wa tchalitchi amene ankapita kunja, podziwa kuti makalata ankatsegulidwa. Koma mapepala oyeserera anangowaponya m'katoni pansi pa bedi.

M'katoni imeneyo ndi mmene mkazi wake Enelesi ankatenga mapepala okulungira matemba. Akazi a aphunzitsi onse ankatero. Anzawo pa msika ankavutika kufunafuna nyuzipepala zakale, iwo anali ndi mayeso a ana a chaka chatha. Enelesi sankawerenga Chingerezi. Anangoona kuti mapepala awa ndi aakulu bwino.

Amene anatenga mpukutu umodzi wa matemba anali Makisoni, mkulu wa anyamata a chipani amene ankaona makadi a chipani pakhomo la msika. Chingerezi chake chinali chochepa, koma chinakwanira kuti aone kuti pepalalo likunena za zipani ndi mavoti. Zilembozo anazizindikira nthawi yomweyo. Anaziona pa bolodi chaka chathunthu, chifukwa Jafeti ndi amene anamuphunzitsa.

Lachiwiri cha m'ma teni koloko anabwera kudzatitenga tonse awiri, ana akuona. Anatipititsa ku chisakasa chimene chinali ofesi ya nthambi ya chipani. Enelesi tinamupeza atakhala pansi, chitenje chili kukamwa. Pa mpando panali a Yusufu Mbwana, tcheyamani, mwini mabwato awiri. Sanali munthu wankhanza. Mwana wawo Rukia anali m'kalasi ya Jafeti. Koma tonse tinkadziwa kuti akangotumiza uthenga ku Zomba, galimoto ya apolisi ibwera, ndipo amene ankakwera galimoto imeneyo sankatsanzika.

"Ahedi," anatero a Yusufu, "ine Chingerezi chinandipita kumbali. Tatiwerengereni m'Chinyanja. Mnyamatayu akuti muli zoukira."

Pepalalo linali ndi madontho a mafuta ndipo linkanunkha nsomba. Ndinaliwerenga chamumtima. Linali tsamba lomaliza, pamene Jafeti anaika maganizo ake. 

"Izi ndi za ku Ulaya, atcheya," ndinatero. "Mbiri yakale. Akufotokoza mmene zipani zambirimbiri zinasokonezera azungu mpaka kumenyana. Akuti mtendere umafuna mtsogoleri mmodzi."

"Bodza!" anatero Makisoni.

"Iwe unalephera Chingerezi kawiri, mwana iwe. Amene ndinasainira lipoti lako ndine."

Anzake a Makisoni anaseka. A Yusufu nawonso anamwetulira, ndipo ndinaona mapewa awo akutsika. Ankafuna kundikhulupirira. Anatambasula dzanja kuti atenge pepalalo, mwina kuti aling'ambe.

"Pepani atcheya," anatero Jafeti. "Ahedi sanawerenge bwino."

Ndinamuponda phazi. Analichotsa.

"Alamu, khalani chete," anatero a Yusufu. Ankamutchula choncho chifukwa mkazi wawo ndi Enelesi anali a mudzi umodzi. "Akuluakulu awerenga kale."

"Sindinalembe zimenezo. Ndinalemba kuti mtsogoleri amene akudziwa kuti anthu angathe kumuchotsa amaganiza kawiri asanatumize ana awo ku nkhondo. Sindinatchule Malawi. Koma mukandifunsa ngati ndikukhulupirira, ndikukhulupirira."

"Bambo a Sofiya, chonde!" analira Enelesi.

Jafeti sanasiye. Anayamba kuphunzitsa, manja ali kumbuyo ngati ali m'kalasi. Anafunsa a Yusufu ngati amayi amene ankatsika m'mabwato awo aja anafunsidwapo ngati akufuna nkhondo. Ananena kuti akatswiri ena amatsutsa ganizoli, ndipo anafotokoza zifukwa zawo mwachilungamo, kuopa kuwalakwira anthu amene sanawaonepo n'komwe. Analankhula mwina mphindi zisanu. Panja anthu anali ataunjikana, ndipo aliyense anamva.

A Yusufu anayang'ana anthuwo, kenako Makisoni, amene tsopano sankaseka. Pamenepo ndinadziwa kuti zatha. Akanati amumasule, uthenga ukanapitabe ku Zomba madzulo omwewo, koma ukanakhala ndi mayina awiri, la Jafeti ndi la a Yusufu.

"Mwandipha, alamu," anatero a Yusufu motsitsa mawu. "Ndimafuna ndikuthandizeni."

Galimoto inabwera Lachinayi masana n'kumutenga Jafeti. Sanamuzenge mlandu. Enelesi anatulutsidwa m'nyumba ya sukulu pasanathe sabata, ndipo amene ndinasainira kalata yomutulutsa ndine, chifukwa ndinauzidwa kutero. Anthu anasiya kugula nsomba zake. Ine ananditsitsa udindo n'kunditumiza ku sukulu ya kutali, ndipo mpaka lero palibe amene anandipepesa.

Jafeti anatuluka patapita zaka zitatu ndi miyezi iwiri, miyendo itatupa, mano akutsogolo atachoka. Sanaloledwenso kugwira choko. Ankasoka maukonde a anthu pa Kachulu mpaka pamene anamwalira. Ndinapita kukamuona kamodzi kokha, ndipo sindinapite kukamutonthoza. Ndinamupeza pansi pa mthunzi, ukonde uli pamiyendo.

"Ndinali nditakupulumutsa," ndinamuuza. "Unangofunika kutseka pakamwa pako mphindi imodzi. Ana ako anasiya sukulu chifukwa cha iwe."

Anamaliza kumanga mfundo.

"Ndikudziwa, ahedi. Za anazo zimandipweteka tsiku lililonse. Koma a Yusufu anafunsa kuti pepalalo likuti chiyani. Munthu atafunsa, ndikanamusiya apite kwawo ndi yankho lolakwa?"

Ndinanyamuka osatsanzika. Pa maliro ake ndinapita, koma atandipempha kuti ndilankhule ndinakana, chifukwa ndinali ndisanamukhululukire.