Zigoli za Bambo Zili Kuseri kwa Nyumba

Amwene, ndikudziwa kuti mukangoona kuti wolemba ndine mumayamba kuseka musanawerenge n'komwe. Chabwino. Ndine yemwe uja ndinakuuzani kuti ndinathamangitsana ndi kambuku kuphiri nditasenza zikwama zitatu za azungu. Koma iyi yokhayi ikhulupirireni ngati muli ndi mtima. Ndi ya tsiku limene tinaika bambo anga m'manda, ndipo pamaliro ngakhale ine ndimaopa Mulungu.

Ndinadzuka kusanache. Kugona kwake kunali kongotsamira thumba la chimanga pakhonde, amayi a kumpingo akuimba m'nyumba mpaka mawu kusasa. Chiperoni chinali chitatsika, kamvula kaja kosaoneka koma kolowa mpaka m'mafupa. Adzukulu anali atapita kale kumanda ndi makasu. Ine ntchito yanga inali m'thumba la jekete: pepala la mbiri ya malemu, loti ndiwerenge pamaso pa anthu. Zonse ndinalemba. Mzere umodzi wokha unali ndi mpata, wa zigoli zimene bambo anagoletsa m'timu ya dziko lino.

Inde, anasewerako ali mnyamata, bondo lisanawavute n'kubwerera kuesiteti kukakhala kapitawo wa othyola tiyi. Izo si zopeka zanga. Koma nambala yake sindinkaidziwa. Bambo ankafotokoza nkhani ngati lole yokwera chitunda, ndiye ine ndinkathawa asanafike pa chigoli choyamba. Alendo amene ndimawanyamulira katundu ku Likhubula ndinkangowauza zobwera m'mutu. M'munsi mwa phiri zinkakhala teni. Tikafika pogona poyamba, sate. Mzungu wina wa befu ndinamufikitsa pa Sapitwa ndi zigoli sikisite, ziwiri za mutu bambo ali chogona.

Dzulo lake amayi anga anandiitana kamodzi kokha, pakhomo la kuchipinda.

"Iwe, mawa usawonjezere."

Basi. Ndikanawafunsa pomwepo, koma munthu wandevu ungafunse bwanji zigoli za bambo ako mtembo wawo uli m'nyumba? Manyazi ananditseka pakamwa.

Kunja kutayera, moto unayamba kuvuta. Nkhuni zinali zonyowa, utsi unkangokwawa pansi, amayi ophika nandolo ndi kabichi akupukuta m'maso, osadziwika kuti ndi utsi kapena chisoni. Anthu anayamba kufika. Lole ya kuesiteti inatsitsa othyola tiyi atafunda mapepala a pulasitiki. Ena anachokera ku Nkando ndi ku Thuchila pa njinga, matope mpaka kumsana. Abale a kutsidya kwa malire anafika wapansi, nsapato zili m'manja. Anzanga a timu yathu ya m'mudzi anaima pansi pa mtengo wa mango, ndipo ndikudutsa wina ananong'ona kuti lero zigoli zikwana handiredi. Palibe anaseka kwenikweni. Ine ndinangopitirira, ndipo mukundidziwa, zimenezo sizichitika.

Cha m'ma naini kabaza anatsitsa mdala wina wamtali, wa ndodo, maso oyera ngati a nsomba yophika. Anthu anati ankasewera limodzi ndi bambo. Ndinamupezera mpando, n'kugwada.

"Bambo, pepani, zigoli za malemu zinalipo zingati?"

"Iwe ndiwe mwana wake wa pakamwa uja?"

"Eya, ndine."

"Ndiye ukundifunsa ine? Mutu unatha uwu, mwanawe. Ndimakumbuka chimodzi chokha, poti mpira wake ndinam'patsira ndine." Anatsokomola kanthawi. "Koma atachoka m'nyumba za kampani n'kumanga kuno, ndinabwera kudzamuona. Ananditengera kuseri. Anati wabzala bulugama mmodzi pa chigoli chilichonse, poti makapu alibe, zithunzi zinadyedwa ndi chiswe. Pita ukawerenge mitengo."

Mdalayo sankamva bwino, choncho ankalankhula mokweza. Onse a pansi pa tenti anamva. Ndinathamangira kuseri ena asanadzuke, ndinasuntha chimgolo chopanda kanthu chimene chinali pamenepo, ndipo anthu atafika tinawerenga limodzi. Umodzi, iwiri, itatu. Mitengo yowongoka bwino, pamzere, madzi akudontha m'masamba.

Mwambo unayamba mvula ikuwazabe. Anthu anaona nkhope. Mkulu wa mpingo atanditchula ndinaimirira. Ndinawerenga kumene anabadwira, ukwati wawo, zaka zawo kuesiteti, ana asanu. Nditafika pa mzere uja ndinamva anthu onse akudikira, ngakhale makanda.

Ndinati zitatu.

Kunamveka kaphokoso kovomereza. Mayi wina kumbuyo anati imfa imaphunzitsa. Mkulu wa mpingo anandigwira paphewa, ndipo mu ulaliki wake anandisandutsa chitsanzo, kuti onani, ngakhale lilime lotere Ambuye amatha kuliwongola. Amayi anali pamphasa pafupi ndi bokosi. Sanadzutse mutu.

Popita kumanda anyamata a timu anapempha kuti bokosi lidutse pabwalo la mpira. Akuluakulu analola. Tinayenda m'matope, nyimbo ikukokedwa pang'onopang'ono, phiri lonse litabisala mumtambo ngati nalonso silikufuna kuona. Pabwalo analowetsa bokosi pagolo la kum'mawa, lija lili ndi mtengo wopingasa watsopano, n'kuima pansi pake kamphindi. Mdala wa ndodo uja anavula chipewa. Ine ndinkangoyang'ana zala za kumapazi.

Kumanda dothi linali lolemera, lomata mafosholo. Adzukulu anakwirira mosinthana, tinaika nkhata, mvula n'kuyamba kufafaniza mayina pa timapepala take. Pobwerera anthu ambiri anandigwira chanza kuposa tsiku lina lililonse m'moyo wanga. Aliyense mawu ake amodzimodzi: lero wanena zoona.

Pofika madzulo lole inali itapita, tenti atatsitsa, pakhomo patangotsala mafuwa akuda ndi mapazi a anthu m'matope. Azakhali awiri anali atagona m'chipinda osavula n'komwe mipango. M'nyumba munali zii, moti ndinkamva madontho akugwera m'beseni. Mpando wa bambo unali pakhonde, wopanda munthu wolimba mtima kuukhalira.

Amayi anatuluka, anayenda mpaka kuseri, ine ndikuwatsata. Anaima pa chimgolo chija.

"Chotsa ichi."

Ndinachichotsa.

Apa ndiye pamene ndakhala ndikuzungulira, amwene. Chimgolocho sindinachisunthe chifukwa chotchinga njira. Ndinavundikira nacho chitsa. Miyezi iwiri yapitayo, bambo ali kuchipatala, mtengo wopingasa wa pagolo lathu unathyoka, ndipo ine ndinadula bulugama wa kumapeto kwa mzere n'kukauika pagolopo. Inu ndinakuuzani kuti ndinaugwetsa m'nkhalango, alonda asanu ndi agalu akundithamangitsa. Bambo atatuluka ndinawauza kuti ndi mphepo. Anayang'ana chitsacho nthawi yaitali, mabala a chikwanje akuonekeratu, n'kungoti, "Mphepo ya chaka chino ndi yakuthwa." Kuyambira tsikulo sanakhalenso kuseri. Ine ndinkati ndi matenda.

Mdala uja atanena za mitengo ndinadziwa nthawi yomweyo. Ndikanati zinayi, anthu akanawerenga itatu n'kunena kuti wayambapo, ngakhale pamaliro a bambo ake. Kuti andikhulupirire ndikanayenera kuonetsa chitsa, n'kuulula pamaso pa mpingo wonse. Ndinaopa. Ndinasankha kugwiridwa chanza.

Chitsacho chinali chitaphuka timphukira, tina titathyoka ndi mgolo. Amayi anawerama n'kuwongola kamodzi ndi chala.

"Ndinati usawonjezere," anatero. "Sindinati uchotsere."

Analowa m'nyumba.

Zaka zonsezi ndawapatsa bambo zigoli zimene sanagoletse, tsiku limodzi loti ndinene zawo zenizeni ndinawalanda chimodzi, iwo akudutsa pansi pake m'bokosi. Zinali zinayi, amwene. Ndikudziwa amene akukuuzani ndine. Koma zinali zinayi.