Bambo amwalira kangati?

Lachiwiri ndinapeza alamu anga a Lameki pa Nsipe, atakhala pa benchi la wokonza njinga, dzuwa lili paliwombo. Ndinadabwa. Munthu woyendetsa lole ya kampani yogula kachewere pa Lizulu sakhala pansi masana, makamaka nyengo ino yokumba. Ndinafunsa ngati loleyo yafa. Anati ayi, ili bwinobwino, ikuyenda ndi wina.

Awachotsa ntchito. Mlandu wake ndi kujomba.

Mwezi wathawu kunagwa maliro kwawo ku Mlangeni. Uthenga unawapeza m'mawa akuthira mafuta, abwana kulibe, foni yawo ikungoitana. A Lameki anasiya makiyi kwa mlonda, namuuza kuti abwana akafika awadziwitse kuti bambo amwalira. Anakhala kumudzi mpaka atasesa, monga timachitira tonsefe. Pobwerera anapeza abwana atakwinya nkhope, ndipo funso linali limodzi: "Kodi iwe, bambo ako amwalira kangati?"

Zoona, chaka chatha a Lameki anaika bambo. Kampani inapereka masiku, inaperekanso lole yonyamula bokosi. Amenewo anali owabereka, munthu amene anapita ku migodi ya ku Joni a Lameki akuyamwa, nabwerako ali ndi imvi, chifuwa chitatha.

Amene amwalira panowa ndi mng'ono wawo, bambo aang'ono, amene anatsala ndi ana pakhomo. Ndiwo anawaphunzitsa kugwira khasu. Ndiwo anagulitsa ng'ombe kuti a Lameki akaphunzire galimoto. Ndiwonso anatsogolera pobwera kwathu kudzafunsira mchemwali wanga, ine ndilipo. Chikhalire sindinamvepo a Lameki akuwatchula mwa mtundu wina, ankangoti bambo basi.

Koma malamulo a kampaniyo akuti maliro opatsa munthu masiku ndi a bambo, mayi, mkazi ndi mwana. Bambo mmodzi, mayi mmodzi. Wolemba zimenezi kaya anakulira kuti. Chondiwawa kwambiri n'chakuti abwanawo si mlendo ayi, kwawo ndi konkuno, ndipo ndikhulupirira kuti nawonso ali ndi amayi aakulu amene akangodwala iwo sagona tulo.

Musandimve molakwa. Sindikuti aliyense azingosowa pantchito mmene wafunira. Tisanamizane, alipo anzathu amene agogo awo amamwalira mwezi uliwonse ukatha, ndipo ndi omwewa atipweteketsa tonse. Kachewere sadikira munthu, akakhalitsa m'thumba amawola. Abwana kudandaula n'koyenera. Nanga kumuchotsa munthu osamufunsa n'komwe kuti womwalirayo anali ndani wake, n'koyeneranso?

Ndinafunsa mnzanga wina wodziwa malamulo a ntchito. Anati munthu sayenera kuchotsedwa asanapatsidwe mpata wofotokoza mbali yake, ndipo khoti la za ntchito likaona kuti walakwiridwa likhoza kulamula kuti abwezeredwe pantchito, n'kulandiranso malipiro a nthawi imene wakhala pakhomo. Mtima unakhalako pansi. Kenako anawonjezera kuti zimenezi si za mawa kapena mkuja, komanso kuchoka utangosiya mawu kwa mlonda kukhoza kuwavuta a Lameki pofotokoza. Nkhawa yanga inabwerera pomwepo.

Chifukwa kunyumba zinthu sizikudikira khoti. Mchemwali wanga ndi woyembekezera, mwezi wake wayandikira. Feteleza sanagule. Nyumba akukhalayo ndi yalendi. Ndipo pa Lizulu pali madalaivala angati ongokhala, oti kungomva kuti mpando wapezeka athamanga osavala ndi nsapato zomwe?

Lachinayi abwana anatuma mlonda yemwe uja. Akuti ntchito ilipo, a Lameki abwere Lolemba, koma za masabata akhala pakhomowa aiwale, palibe cholandira. Zimenezo mwina munthu n'kumeza. Chinanso akuti asanagwire chiwongolero aime pamaso pa anzawo onse, anene kuti ananama, womwalirayo sanali bambo wawo, kuti ena atengerepo phunziro.

Dzulo a Lameki anabwera kwathu. Tiyi anazizira m'kapu osamukhudza. Ine ndi pakamwa panga posapumapa ndinayamba kulalikira: mwana akubwera, ntchito masiku ano n'zosowa, mawu ndi mawu chabe, mukanena zatha, mawa anthu aiwala. Anandimvetsera mpaka ndinatopa ndekha.

"Alamu," anatero motsitsa mawu, "dothi la pamanda paja silinaume n'komwe. Ndikawakane?"

Manyazi anandigwira, ndinangoyang'ana pansi. Ndikuopa kuti akana zimenezi n'kusiya mchemwali wanga pa moto. Ndikuopanso kuti avomera, chifukwa ndikuwadziwa, sadzayendanso mutu uli m'mwamba ku Mlangeni.

Lolemba ndi mkuja uno, ndipo ati adzera kwathu m'mawa asanakwere minibasi. Inu mukanakhala ine mukanawauza kuti akakane chiyani, ntchito kapena bambo?