Kuwala kwa Patsaya

Ku wailesi ya kanema ankawatchula kuti a Disolimodzi, poti moyo wawo wonse anautha diso lina lili chitsinzinire, linalo lili pa kamera. Koma ntchito ankaidziwa, tisawanamizire. Munthu wa nkhope yokhakhala ngati chikwama chakale ankatuluka pa kanema ili see, mpaka mkazi wake kumusiriranso. Anajambula mafilimu, nkhani, masewero, ndipo akati kuwala sikunakwane, ngakhale mabwana ankakhala pansi n'kudikira dzuwa osawiringula.

Kunyumba kokha ndiye kamera sinkatuluka m'bokosi. Ana anakula osajambulidwapo, ati pabalaza m'pamdima.

Atapuma pantchito, akazi awo anadwala matenda osabwerera m'mbuyo. Mwana wawo womaliza, wamkazi, anali kutali kusukulu, ndipo mayiwo anadziwa kuti sadzawapeza ali moyo.

"Bambo ake, tulutsani chikamera chanucho," anatero tsiku lina. "Ndili ndi mawu oti ndimusiyire mwanayu."

Aa, pamenepo ndiye anaputa katswiri! Bedi analikokera kuwindo. Katani yofiira anaichotsa, ati ikudetsa khungu. Anapachika nsalu yoyera pa wadirobu kuti izibweza kuwala, kenako n'kuuza wodwala kuti adikire dzuwa la m'mawa.

"Ine ndi munthu wodikira dzuwa ine?" anafunsa mayiwo. Koma anadikira, poti amuna awo ankawadziwa.

Kutacha mayiwo anayankhula nthawi yaitali, kuseka, kulira, kuloza chala. A Disolimodzi ali kuseri kwa kamera, mtima uli m'malo kuti apa ndiye ajambula chinthu.

Mwana uja anafika maliro ataikidwa kale. Bambo ake anamukhazika pabalaza, n'kutseka makatani, n'kuyatsa kanema. Mayi anaoneka okongola kuposa tsiku la ukwati wawo, tsaya lili nyezinyezi. Milomo inkayenda, koma mawu ayi. Mtsikanayo anakweza voliyumu mpaka kumapeto, kunangomveka kuti siii.

Zaka zonsezo kuntchito kunkakhala munthu wina wonyamula maikolofoni pandodo, ndipo a Disolimodzi sanaganizepo kuti mawu amachita kutchera. Zokwiyitsa bwanji, munthu wamkulu ngati ameneyo! Koma ukawaona mmene anakhalira pampandopo, chisoni n'chimene chinkakula.

"Palibe kanthu, ababa," anatero mwanayo, misozi ili chuchuchu. "Inu munalipo. Ankati chiyani amayi?"

Bambowo anayang'ana akazi awo pa kanema akuloza chala. Anakumbukira bwinobwino kamtambo kamene kanadutsa pamenepo, ndi mmene anathamangira kupotokola kamera kuti nkhope isade. Anafufuza china m'mutu, osachipeza.

"Sindinamve, mwanangu," anatero. "Ndinkayang'anira kuwala."