Mdala Wopha Abale M'mabuku

Ku Mtiya kuli mdala wina wolemba mabuku a nkhani zakumudzi, ngakhale khasu analigwira komaliza ali mnyamata. Amaswera pakhonde atayang'ana phiri la Zomba, ndipo aliyense womupatsa moni amamuchenjeza kuti, "Lankhulani bwino, ndikulembani." Abale ake ndiye wawamaliza, chifukwa m'buku lililonse mumafa mmodzi.

Tsiku lina alongo ake, a Rute, anatulukira kuchokera kumudzi atakwiya. Mdzukulu anali atawawerengera buku latsopano.

"Achimwene, mwandipha katatu tsopano. Ndinakulakwirani chiyani?"

"Mumafa bwino, achemwali. Ana a ku yunivesite amakulirani kwambiri."

"Nanga amayi, amene anamwaliradi, bwanji m'mabuku monse akungopalira chimanga, osadwala ngakhale chimfine?"

Mdalayo, amene sasowa choyankha, anavula magalasi n'kumawapukuta ndi malaya kwa nthawi yaitali.

"Amenewo ndinawaika m'manda kamodzi," anatero motsitsa mawu. "Kachiwiri sindingathe."

A Rute anakhala pansi n'kupukuta m'maso ndi chitenje.

"Chabwino, muzipha ine. Koma zotsegula m'mimba munandipha nazo m'buku latsopano zija ayi. Mundipezere matenda aulemu, kutchalitchi akundiseka."