Mabokosi a Anti Dede

Fungo la nsomba yowamba likandipeza, kaya m'basi kaya pakhomo la shopu, ndimabwerera m'khitchini mwa Anti Dede ku Highfields, momwe mafuta ofiira ankathetheka mumphika, mawindo atachita nthunzi, wailesi ikuimba nyimbo za kutchalitchi za kwawo ku Ghana, iwo akupera tsabola ndi anyezi m'mbale yadothi yokhakhala mpaka ine kuyetsemula. Nyumba zathu zinali zogundana khoma. Iwo akatsokomola ife tinkamva, amayi akandikalipira iwonso ankamva, ndipo mawa lake ankandifunsa kuti ndinalakwanji.

Anali mayi wachikulire, wamfupi, koma mawu ngati a anthu atatu. Anasoka zovala m'mafakitale a mumzinda wathu wa Leicester, ku Mangalande, mpaka maso anayamba kuwavuta. Amayi anga ndi namwino, choncho masiku a shifiti yaitali ndikaweruka kusukulu ndinkalowa khomo la Anti Dede, osati lathu. Malipiro omwe ankafuna anali amodzi: mbale ibwerere yopanda kanthu. Ndinkawakonda kwambiri, ndipo nyumba imeneyo ndinkaiyesa yangayanga.

Pansi pa TV anaunjikapo mabuku a dziko lawo, ena ogula m'mashopu a kaunjika, ena otayidwa ndi laibulale. Anali mabuku akuluakulu, olemera, odzaza zithunzi: asodzi akukoka khoka, mafumu atavala nsalu zoluka ndi mphete zagolide zala zonse, malinga oyera a m'mbali mwa nyanja momwe ankatsekeramo akapolo, amayi a pamsika atasenza mabeseni. Usanagwire buku unkayamba wasamba m'manja ndi sopo, iwo akuyang'ana. Koma eni akewo sankawawerenga mwaulemu, ankakangana nawo.

"Uyu walemba kuti mayi akugulitsa chakudya," ankatero m'Chingerezi, chala chili pa chithunzi. "Chakudya chanji? Analawa? Nanga dzina la mayiyu lili kuti?"

Buku lomwe ine ndinkalikonda linali la zinthu zamatabwa zopentedwa mowala: chinsomba chachikulu, ndege, galimoto, nkhuku yofungatira anapiye. Poyamba ndinkayesa zidole za ana olemera. Anti Dede anaseka mpaka kugwira khoma.

"Amenewa ndi mabokosi a maliro, mwana wanga. Kwathu kugombe msodzi amapita m'nsomba, dalaivala m'galimoto, mayi wa ana ambiri m'nkhuku. Bokosi likamadutsa palibe wofunsa kuti malemuwo ankatani."

"Ndiye inu mudzagona m'makina osokera?"

"Ine? Moyo wanga wonse ndathera pa makina, ndikagonemonso? Ine tsabola. Wofiira, wamkulu. Obwera kumaliro adziwe kuti ndinkawawa."

Basi, anasanduka masewera athu. Aliyense wodutsa pawindo tinkamusankhira lake. Wobweretsa makalata tinamupatsa envulopu, bambo wa kutsidya kwa msewu wokonda kudandaula za zinyalala tinamupatsa bini, ndipo Anti Dede anati imeneyo yamukwana bwino.

M'nyengo yozizira ya 2018 kunabwera agogo aamuna, bambo a amayi anga, kuchokera ku Ndirande. Anali atangochira matenda omwe anatiopsa tonse, ndipo amayi ankawayeza BP m'mawa ndi madzulo ngati ali kuwodi. Agogo anali kalipentala. Kwathu ankangokhala pafupi ndi hita atavala jekete ndi chipewa, ali duu, nthawi zina n'kumasisita m'mphepete mwa tebulo ndi chala ngati akufuna pomwe wina anabera ntchito. Chichewa ndinkamva koma kuyankha chinkandithawa, ndiye ndinkasowa chowauza. Ndinaganiza kuti munthu wa matabwa angasangalale ndi buku la matabwa. Anti Dede anandibwereka.

Lamlungu titadya, ndinalitsegula pa maondo a agogo. Ndinali nditapeza kale tsamba loyenera.

"Agogo, lanu ndi ili. Hamala."

"Chimenecho n'chiyani?" anafunsa amayi akuchotsa mbale.

Ndinafotokoza monyadira, monga momwe Anti Dede anandifotokozera. Sindinamalize.

"Iwe Tadala! Agogo ako angodzuka kumene pamphasa, iwe ukuwasankhira bokosi? Malodza anji amenewa? Izi ndi zimene ukuphunzira ku next door? Kuyambira mawa ndikukubookira after-school club. Khomo limenelo usadzapondenso, wamva?"

Amayi anaika bukulo m'jumbo n'kuliponya pamwamba pa firiji ngati lingalume munthu.

Masiku otsatirawo anandiwawa. Ku kalabu ankatipatsa mabisiketi ouma ndi mapepala openta, ndikabwerako fungo la mphika wa Anti Dede linkandichingamira pamsewu, ine n'kulambalala khomo lawo mutu uli pansi. Iwo anali atamva zonse, khomalo silinkasunga chinsinsi. Sanabwere kudzadziwiringula, anangotsitsa wailesi. Kutsika kwa wailesiko n'kumene kunandiliza kuposa kukalipa kwa amayi.

Loweruka masana ndinapeza agogo atavala nsapato, jumbo ija ili m'khwapa.

"Bambo, mukupita kuti kukuzizira chonchi?" anatero amayi.

"Kukabweza buku la eni. Tadala, tandiperekeza."

Amayi sakanatha kuwaletsa bambo awo.

Kwa Anti Dede agogo anavula chipewa, anasamba m'manja osauzidwa, n'kutsegula buku lija pa tebulo. Apo ndinazindikira kuti masiku onsewo ankalitsitsa pa firiji amayi akapita kuntchito, chifukwa tsamba lililonse ankalidziwa. M'Chingerezi chawo cha sukulu ya mishoni anayamba kufunsa: mimba ya nsombayi anaipinda bwanji, chivindikiro chikutsegukira pati, mtengo wake ndi wanji. Anti Dede anati iwo ndi wosoka, za misomali sadziwa. Koma anafotokoza za amalume awo, msodzi, omwe anaikidwa m'bokosi la bwato, anyamata akulinyamula moliyendetsa uku ndi uku ngati lili pa mafunde, mudzi wonse ukulira ndi kuseka nthawi imodzi. Aka kanali koyamba kumva agogo akuseka chibwerereni ku Mangalande.

Titachedwa, amayi anabwera kudzatitenga. Anaima pakhomo la khitchini manja atapinda.

"Esnati, khala pansi," anatero agogo m'Chichewa. "Zaka zija anthu ankatha ngati nkhuku za chitopa, ine ndinasiya mipando n'kumakhoma mabokosi okhaokha. Ukukumbukira. Abale ankabwera ndi bango lomwe ayezera malemu, ine n'kudula matabwa. Funso langa linali limodzi: ngwamtali bwanji? Sindinafunsepo kuti munthuyo ankakonda chiyani, ankagwira ntchito yanji. Mwanayu wandiyang'ana, waona kuti ndine munthu wa hamala. Walakwa pati?"

"Komabe bambo, zoterezi zimaitana."

"Imfa sidikira kuitanidwa, njira imaidziwa yokha. Ine ndaiona kuposa iwe ndi chipatala chako."

Anti Dede Chichewa sankamva, koma nkhope ankawerenga. Anakankhira amayi mbale ya nthochi zokazinga.

"Idyani, sisita. Ngati ndinalakwa, pepani. Koma dziwani kuti inunso tinakusankhirani kalekale."

Ndinalakalaka pansi patang'ambika. Amayi anatembenukira kwa ine pang'onopang'ono.

"Eti? Chiyani?"

"Pilo," ndinanong'ona. "Chifukwa simugona."

Amayi anandiyang'ana nthawi yaitali, maso atadzaza misozi, kenaka phwete linawapulumuka. Anaseka akupukuta m'maso ndi kuseri kwa dzanja, n'kutenga nthochi imodzi.

"Anti, Monday ndili pa long day. Mwanayu abwera. Koma buku limenelo lizikhala konkuno, kwanga lisalowenso."

Silinalowensodi, mpaka lero. Koma agogo ndi ine tinkalipeza komweko, ndipo miyezi yawo yotsala ku Mangalande anathera pa tebulo la Anti Dede, akukangana za mabuku ndi kukonza zitseko za makabati zomwe palibe anawapempha. Anabwerera ku Ndirande atanenepa, tsabola atamuzolowera. Anakhala zaka zina zingapo, ndipo atatisiya anawakhomera bokosi wamba anyamata omwe anawaphunzitsa ntchito.

Anti Dede alipo, ndipo akuwawabe. Maso ndiye atheratu, moti masiku ano wowerenga ndine, iwo ntchito yawo ndi kutsutsa. Ndikuphunzira unamwino, ndipo ndikafika pa bedi la wodwala ndi makina oyezera, ndimayamba ndamufunsa kuti ankagwira ntchito yanji. Ndikaweruka ndimadzera ku Highfields kukawathira mankhwala m'maso ndi kudya zomwe andisungira. Sindigogoda. Kiyi wa khomo lomwe anandiletsa kupondalo ali m'thumba mwanga, ndipo amene anapita kukamudulitsa ndi amayi.