Manachesi a Amayi Chaka Chino

Abale, ndangofika kumene kuchokera kukhoti.

Chiletso chija chatuluka. Woweruza wati munda wa manachesi umene anatisiyira malemu amayi usagulitsidwe mpaka mlandu wathu wogawana utatha. Achimwene a Yohane asaugulitse, nafenso tisagulitse kalikonse ka m'mundamo. Bambo uja amafuna kuugula kuti aziimikapo mathiraki opita kumalire ku Zobue wauzidwa adikire. Achimwene anatuluka osandiyang'ana n'komwe.

Nditatsika minibasi sindinalowe m'nyumba, ndinapitirira kumunda. Mitengo yonse yapakidwa kale penti yofiira, chizindikiro choti idulidwe, ngakhale ija amayi ankadzala aliyense wa ife akabadwa. Koma yabereka mpaka nthambi kugunda pansi. Ndinakhala patsinde pa mtengo wanga, fungo lija n'kunditenga. Ndimangoona ngati amayi atulukira kuseri kwa masamba, dengu lili pamutu, akutikalipira kuti tisathyole.

Mukukumbuka? Chaka chilichonse ankagulitsiratu mitengo yathunthu kwa mavenda zipatso zisanapse, ife n'kumangotola zakugwa. Takulira m'munda wa manachesi osadyako othyola tokha.

Ndiye ndawaimbira aloya kufunsa ngati chiletsochi chikuletsanso kudya. Aseka, ati ayi.

Mukuona bwanji, tikumane konko Loweruka ndi ana omwe? Nanga ndani awaimbire achimwene a Yohane? Ine sangandiyankhe foni. Muwauze kuti mtengo wawo ndi umene wabereka kuposa yonse.