Kim-ki ndi Mwamuna Wake wa Bere Limodzi

Kim-ki anafika kwa a Tiu ali m'dengu, asanamere ndi dzino lomwe. Kunali kwathu kumapiri a tiyi, kumpoto kwa Taiwan, masiku amene apolisi a Chijapani ankayenda ndi malupanga m'chiuno. Mayi Tiu anali atangopereka khanda lawo lalikazi ku banja lina kuseri kwa phiri, mabere akadali odzaza, ndipo mwana wawo wamwamuna, Chui-seng, anali asanasiye kuyamwa. Ndiye anamutenga Kim-ki kuti akhale sim-pua, kamtsikana koleredwa kuti kadzakwatiwe ndi mwana wa m'nyumba momwemo. Aliyense ankatero. Wako umapereka, wa mnzako n'kutenga.

"Mtengwa wobwera atakula amabwera ndi pakamwa pake," ankatero mayi Tiu pochapa kumtsinje. "Amakulanda mwana, amakuwerengera mpunga m'mbale. Uyu ndikumuumba ndekha. Malowolo palibe, phwando palibe, ndipo akamadzakula adzakhala atakondana kale."

Ndinene zoona, mayi uja sanali woipa. Ena ankasandutsa ana otere akapolo, kuwadyetsa makombo pakhomo. Iwo ayi. Chui-seng bere lakumanja, Kim-ki lakumanzere. Ankawasambitsa m'bafa limodzi lamatabwa, kuwagoneka bulangeti limodzi, mbatata yootcha kuigawa pakati. Zimandipsetsa mtima mpaka lero kuti manja achikondi omwewo ndi amene anaononga zonse.

Anakula monga akulira ana a m'nyumba imodzi. Kim-ki ankadziwa fungo la mapazi a Chui-seng, anamuonapo akulira ndi njoka za m'mimba, anamukandapo kumaso polimbirana mutu wa nsomba. Chui-seng ankamukoka tsitsi, koma mnyamata wina akangomugenda Kim-ki, tsiku limenelo mphuno imatuluka magazi. Ana anzawo ankawagemula panjira: "Chui-seng, mkazi wako wachita mamina, kamupukute." Iye ankatola miyala, maso ali psuu, ndipo kuyambira pamenepo anasiya kuyenda naye limodzi. Kim-ki ankamutcha achimwene, poti panalibe dzina lina lomuyenera.

Chui-seng anakula bwino, zimenezo palibe angatsutse. Wamtali, mapewa otambasuka, mano oyera. Akamadutsa m'munda atasenza madengu awiri a tiyi pamtengo, atsikana othyola masamba ankamuyimbira nyimbo zomuputa kuchokera tsidya lina la chigwa.

"Iwe Kim-ki ndiwe wamwayi," anatero mnzake wina tsiku lina. "Nyama yakugwera yokha m'mbale, ife tikumeza malovu."

"Ameneyo?" anayankha Kim-ki osadzutsa mutu. "Wasiya kukodza pogona atayamba kale kuweta njati. Mutengeni, ndikupatsani ndi bulangeti lake."

Anaseka onse. Kim-ki anayesa kumuyang'ana ndi maso a anzakewo, kuti mwina aone chimene iwo ankaona. Anangoona achimwene ake atatuluka thukuta.

Ukwati wa sim-pua ulibe ng'oma. Pa chakudya chotsekera chaka, pamene ngakhale osauka amadya mpunga wosasakaniza ndi mbatata, bambo Tiu anayatsa lubani patebulo la makolo, nagwada, kenako anatembenuka. Anali munthu wosayankhulayankhula.

"Mwakula," anatero. "Kuyambira lero ndinu mwamuna ndi mkazi wake."

Chui-seng anaika pansi timitengo todyera, nyama ya nkhumba ikadali m'mbale. Anawatsekera m'chipinda chimodzi, bambo n'kukhala pakhomo ndi ndodo. Kutacha anapeza zenera lili pululu, Chui-seng atagona kushedi yowumitsira tiyi, Kim-ki ali khale pansi ndi zovala zake zonse za chaka chatsopano.

Masana ake anakumana kukhola la nkhumba, Kim-ki akuthira madeya.

"Usandiyang'ane choncho," anatero Chui-seng.

"Sindikukuyang'anani, achimwene."

"Usanditchulenso choncho. Bambo akamva atikwapula tonse."

"Nanga ndizikutchani chiyani?"

Chui-seng anakanda m'mutu, nayang'ana nkhumba. "Ndikati ndikuyandikire ndimamva nseru, Kim-ki. Si kuti ndiwe wonyansa ayi."

"Ndikudziwa. Inenso chimodzimodzi."

Anaseka, monga ankasekera akaba shuga limodzi ali ana. Kenako Kim-ki analira, Chui-seng n'kumusisita pamutu, ndipo kusisitako sikunamuvute ngakhale pang'ono.

Zikanakhala zamanyazi okha bwenzi zili bwino. Koma kwathu mkazi akafa wopanda mwana, palibe womuyatsira lubani, palibe womuikira mbale ya mpunga pa masiku a mizimu. Mzimu wake umayendayenda m'misewu ndi njala, kutola zotayidwa. Kim-ki ankaopa zimenezi kuposa ndodo ya bambo Tiu. Kwawo komubala sankakudziwa n'komwe. Malo ake onse padziko anali nyumba imeneyi, ndipo mpando wake m'nyumbamo unkadikira mwana.

Anayesa, munthu asawanamizire. Mayi Tiu anamumwetsa Kim-ki mizu yowawa, anamutengera kukachisi kukagwadira mulungu wamkazi wopatsa ana. Chui-seng ankamwa mowa wa mpunga mpaka miyendo kulobodoka kuti alimbe mtima. Kangapo konse zinachitika, aliyense atatsinzina. Mimba sinabwere. Chimene chinabwera ndi chakuti analeka kudyera limodzi, ndipo kuseka kwawo kuja kunatha.

Nyengo ina nkhumba yawo yaikazi itayamba kulira ndi kuluma matabwa, anaitana Ban-kim, bambo woyenda m'midzi ndi nkhumba yaimuna yokwera zazikazi za anthu. Ankaimba chitoliro kuti anthu adziwe kuti akudutsa. Ntchito yake inali yonyozeka, ndipo mwini wakeyo anali wotsimphina, wa mano achikasu, wonunkha ngati chiweto chakecho. Tsiku limenelo pakhomo panali Kim-ki yekha. Ban-kim atamudutsa pafupi potsegula khola, thupi la Kim-ki linamufuna mwadzidzidzi. Anachita manyazi kwambiri, ndipo anakwiya. Mwamuna wosiririka ndi chigwa chonse ali naye m'nyumba thupi lili zii, lero likudzuka chifukwa cha chinthu ichi?

Pofuna kubisa nkhope anafunsa zachabechabe. "Bwanji timakuvutitsani kuchokera kutali? Kamphongo tili nako m'kholamu."

"Ka m'khola lomweli?" Ban-kim anaseka, nalavula. "Mlamu, mukufuna tiana topunduka? Magazi safuna kubwerera mumphika momwe anachokera. Nchifukwa chake mkulu wangayu amadya bwino, ntchito yake ndi kukhala mlendo basi."

"Nanga zikakhala kuti si magazi amodzi? Zangokulira limodzi?"

Ban-kim anamuyang'ana. Nkhani ya kwa a Tiu inkadziwika mpaka kumsika. Anasiya kuseka.

"Za anthu sindizidziwa, mlamu. Ine ndi wa nkhumba."

Anamanga chingwe nanyamuka, chitoliro chikumveka mpaka kutsetsereko. Palibe chinachitika pakati pawo, ndipo chaka chotsatira kunabwera munthu wina. Koma Kim-ki anatsala ndi ganizo limene linamudya moyo wake wonse. Thupi silifunsa kuti wakubala ndani. Limangokumbuka amene linagona naye bulangeti limodzi lili khanda, n'kunena kuti uyu ndi m'bale, apa pasayandikidwe. Linaphunzira zimenezo kalekale, makolo a makolo asanabadwe, kuti ana azibadwa amphumphu, ndipo bambo Tiu ndi ndodo yawo sakanaliphunzitsa zina. Anayamba kuwerengera m'mutu ma sim-pua anzake: uyu anathawa, uyu ana ake amafanana ndi wogula makala, uyu alibe mwana. Okhawo amene anatengedwa atakulako, akuyenda kale ndi kuyankhula, ndi amene ankaoneka ngati ali pabanja.

Bambo Tiu atamwalira, Chui-seng anapita kumigodi ya malasha. Kumeneko anapeza mkazi wamasiye wogulitsa phala pachipata, wamfupi, wolongolola, wosafika ndi theka lomwe la kukongola kwa Kim-ki. Anthu obwera kuchokera kumeneko ankati Chui-seng akamuona mkaziyo amaiwala ndi chipewa chomwe. Kim-ki sanachite nsanje. Anayesa kuichita, poti anthu ankayembekezera, koma sinabwere. Anangomva chisoni kuti iye zoterozo sadzazilawa.

Patapita zaka mkazi uja anafa ndi malungo. Chui-seng anatulukira masana ena atabereka kumsana kamnyamata kake kongoyamba kuyenda, iye mwini akutsokomola zakuda.

"Mlongo wanga," anatero, ali chiimire pabwalo, "undilerere. Dzina lake ndi Bun-tek. Akhala wako."

Kim-ki anamulandira mwanayo, ndipo kwa nthawi yoyamba chiyambire ukwati uja anapuma mpweya wonse. Womuyatsira lubani anapezeka. Chui-seng anadya, nagona kushedi yake ija, m'mawa n'kubwerera kumgodi. Sanakhalitse moyo pambuyo pake.

Mwezi usanathe, mayi Tiu, amene tsopano anali atawerama msana, maso akuchita nkhungu, analowa pachipata atanyamula dengu. Kim-ki sanafunikire kusuzumira kuti adziwe.

"Amayi, bwezani mwanayo."

"Ndibweze kuti? Ndapereka kale nsalu ndi makeke. Dzina lake ndi A-hun."

"Amayi, simunaone zimene zinatichitikira ife?"

"Chinakuchitikirani chiyani? Munali ouma mitu basi." Anakhala pansi, nayamba kumasula khandalo. "Tandiuza, unayamba wanditukwanapo iwe? Unandiwerengerapo mpunga? Anzanga onse a atengwa akunja akudyera kukhitchini ngati agalu. Ine ndinasankha bwino. Komanso malowolo a Bun-tek udzawatenga kuti, m'makutu mwa nkhumba?"

Zonsezo zinali zoona. Nyumba inalibe mwamuna, munda unali wobwereka. Bun-tek akapanda kukwatira A-hun sadzakwatira konse, ndipo akapanda kubereka, lubani adzazima ndi iye, tebulo la makolo lidzagwa, mizimu yonse ya kwa a Tiu idzalowa mumsewu pamodzi ndi Kim-ki.

Ndiye anaganiza zake. Ngati chikondi cha paubwana ndicho chimapha ukwati, ana awa asakondane. Akhale alendo m'nyumba imodzi. A-hun ankagona naye kukhitchini, Bun-tek kuchipinda ndi agogo ake. Wina ankasamba m'mawa, wina madzulo. Popita kumunda ankabereka A-hun, Bun-tek n'kutsala. Mnyamatayo akakwawira pamphasa ya khandalo ankamubweza, akabweranso ankamumenya kadzanja.

"Uyu si mlongo wako," ankamuuza. "Ndi mlendo. Usamugwire."

Bun-tek ankalira, osamvetsa. Kim-ki ankapita kuseri kwa nyumba kukalira nayenso, chifukwa ankamukonda mwanayo mpaka kumva kuwawa m'chifuwa. Anansi anayamba kunong'ona kuti mkazi wosabereka alibe chifundo. Iye akanawauza chiyani, kuti nzeru zake anazitenga kukhola la nkhumba?

Anapirira choncho nyengo yonse yozizira ndi chaka china chotsatira. Koma tiyi woyamba wa chaka sadikira munthu. Masamba akaphuka amafuna kuthyoledwa akadali anthete, ukachedwa ogula amangowanunkhiza n'kupita. Chaka chimenecho A-hun anali atalemera, wosaberekeka pamtunda woterera, ndipo mvula inali yosakata. Kim-ki anamusiya kunyumba. Anawapempha mayi Tiu, anachita kuwagwadira, kuti ana asawaphatikize.

"Ndamva, ndamva," anatero agogowo. "Pita, masamba akukalamba."

Ankachoka kusanache bwino, kubwera atatheratu, ana atagona kale aliyense malo ake. Anadzinamiza kuti zinthu zili m'malo. Tsiku lomaliza kuthyola dzuwa linawala, ntchito inatha msanga, ndipo anatsika phiri masanasana.

Anamva kuseka asanafike pachipata. Pabwalo panali bafa lamatabwa lija, lomwe lija, lokhala ndi zipsera za mano ake m'mphepete. Bun-tek anali m'katimo akuthira madzi pamutu pa A-hun ndi chipanda, dzanja lina atamutchinga kumaso kuti asatsamwe. Sikunali kuyamba tsiku limenelo, zinkaonekeratu. A-hun, amene anali asanatchulepo mawu omveka, anamenya madzi ndi manja, namukoka mnyamatayo khutu.

"Chimwene," anatero. "Chimwene."

Mayi Tiu anali pampando pambali, akumwetulira ndi nkhama zokhazokha.

"Wabwera? Taona mmene akukondanira. Ndinakuuza ine. Awa ndiye sadzativuta."

Kim-ki anatula dengu. Mtima wake unasweka, ndipo anadziwa kuti palibenso chochita, kaya awamenye, kaya amange khoma pakati pa nyumba. Anaona patsogolo chakudya chotsekera chaka, iye mwini atagwada patebulo la makolo, ndi ndodo itatsamira pakhomo. Ana awiriwo anamuyang'ana mwamantha, akudikira kadzanja.

"Madzi azizira, amayi," anatero Kim-ki.

Anawatulutsa onse awiri, nawafunditsa nsalu imodzi, poti m'nyumbamo inalimo imodzi yomweyo.